Mpiru, Luni ndi Abale Awo: Udzu kwa Yani?

Mawu oyamba

M'chaka changa chachitatu pa sukulu ya ukachenjede, aphunzitsi athu a phunziro la kamasuliridwe anatipatsa ntchito yomwe poyamba ndinkaiona ngati yamasewera. Aliyense anapatsidwa mawu khumi ochokera mu mtanthauziramawu wa Chingerezi kuti awamasulire m'Chichewa. Pa mawu anga khumiwo panali dzina la chomera china chotchedwa hedge mustard. Nditawerenga kuti chomerachi chimamera chokha m'mbali mwa misewu ya ku Ulaya, sindinafune kudzivutitsa. Ndinangolemba kuti "mtundu wa udzu wa ku Ulaya". Pepala litabwera, pansi pa yankho langalo panali funso lolembedwa ndi inki yofiira: "Udzu kwa yani?"

Funso limeneli ndinapita nalo kwathu ku Euthini, m'boma la Mzimba, pa tchuthi cha Khirisimasi, ndipo kumeneko ndi komwe ndinapeza yankho. M'nkhani ino ndifotokoza za chomerachi, maonekedwe a banja lake, abale ake omwe timadya kuno kwathu, malo ndi nyengo zomwe amamera, ntchito zawo komanso zomwe mayina awo amatiphunzitsa. Mfundo yanga ndi imodzi: liwu loti udzu limanena zambiri za munthu amene akuyang'ana chomera kusiyana ndi za chomeracho. Ndipo chomera chikataya dzina, sipatenga nthawi kuti chitayenso malo ake m'munda ndi mumphika.

Zomwe agogo anaona pa chithunzi

Agogo anga, mayi a bambo anga, anabadwira ku Kasungu ndipo anakwatiwa ku Euthini ali mtsikana. Amayankhula Chitumbuka ngati mbadwa, koma mayina a ndiwo amawatchula m'Chichewa cha kwawo, ndipo ife tinawaphunzira choncho. Tsiku lina masana akusadzula masamba pakhonde, ndinawaonetsa chithunzi cha chomera chija pa foni yanga. Anapukuta manja pachitenje, n'kuyandikitsa foniyo kumaso.

"Tachikulitsa ndione maluwawo," anatero.

Nditakulitsa, anawerenga ndi chala timasamba ta duwalo. "Tinayi, topingasa. Nanga timakokoti? Taona momwe takhalira, totalika ngati singano. Mzukulu wanga, ameneyu ndi mpiru wa kutchire. Wangowonda chifukwa palibe amene amamuthirira."

"Agogo, m'buku alemba kuti ndi udzu," ndinatero.

"Amene analembayo ali ndi ndiwo zina," anayankha, n'kupitiriza kusadzula.

Agogo sanapite patali ndi sukulu, ndipo sanamvepo za Carl Linnaeus, katswiri wa zomera wa ku Sweden amene anakhazikitsa njira yopatsira zomera mayina awiriawiri a Chilatini. Koma zizindikiro zomwe anayang'ana, duwa ndi khoko la njere, ndi zomwezo zimene akatswiri amayang'ana poika zomerazi m'banja limodzi.

Kodi hedge mustard n'chiyani?

Dzina lake la sayansi ndi Sisymbrium officinale. Linnaeus anachitcha Erysimum officinale m'chaka cha 1753, ndipo mu 1772 katswiri wina, Giovanni Antonio Scopoli, anachisamutsira ku gulu la Sisymbrium. Ndi chomera chomwe chimamera, kubereka ndi kufa m'chaka chimodzi. Kawirikawiri msinkhu wake supitirira mita imodzi. Tsinde lake ndi lolimba ngati waya, nthambi zake zimatambasukira m'mbali, masamba a m'munsi ndi ong'ambikang'ambika, ndipo maluwa ake ndi aang'ono kwambiri, achikasu. Chizindikiro chake chachikulu ndi timakoko ta njere tomwe timamatirira ku tsinde ngati kuti tamangidwirako.

Kwawo kwenikweni kwa chomerachi ndi ku Ulaya, kumpoto kwa Africa ndi kuzambwe kwa Asia. Njere zake zinayenda ndi anthu, mbewu ndi ziweto mpaka kukafika ku America, Australia, New Zealand ndi South Africa. Chimakonda malo omwe dothi lasokonezedwa: m'mbali mwa misewu, m'mphepete mwa minda, m'mipanda ya mitengo ndi pa mabwinja. Mbale wake wina, Sisymbrium irio, anatchuka chifukwa anamera wambiri pa mabwinja a mzinda wa London utapsa ndi moto mu 1666, mpaka anthu anamutcha London rocket.

Chomwe chinandichititsa manyazi ndi chakuti ngakhale ku Ulaya komweko chomerachi sichinali udzu kwa aliyense. Liwu loti officinale limachokera ku liwu la Chilatini lotanthauza chipinda chomwe ankakonzeramo ndi kusungiramo mankhwala, ndipo linkaperekedwa kwa zomera zomwe zinkagulitsidwa ngati mankhwala. Afalansa amachitcha herbe aux chantres, kutanthauza chitsamba cha oimba, chifukwa oimba ndi olalikira ankamwa madzi ake mawu akasasa. Masamba ake anthete ankadyedwanso. Choncho yankho langa lija linali lolakwika kwa agogo, komanso kwa eni chomeracho.

Zizindikiro za banja la mpiru

Banja la chomerachi limatchedwa Brassicaceae, ndipo lili ndi mitundu yoposa 3,000. Dzina lake lakale ndi Cruciferae, kutanthauza onyamula mtanda, chifukwa timasamba tinayi ta duwa timapingasana ngati mtanda. Mkati mwa duwa muli tizingwe tisanu ndi kamodzi tonyamula mungu, tinayi totalika ndi tiwiri tofupika. Chipatso ndi khoko lomwe likauma limang'ambika pawiri, n'kusiya kansalu kopyapyala pakati pomwe panali njere. Aliyense amene anasiyapo mpiru kapena repu m'dimba kuti apeze mbewu anaziona zimenezi.

Chizindikiro china sichioneka ndi maso koma chimamveka pa lilime. Mukatafuna tsamba laliwisi la mpiru, poyamba simumva kanthu, koma pakangopita kanthawi mumamva kuwawa kolasa mpaka m'mphuno. Chomwe chimachitika ndi ichi: tsambalo limasunga zinthu ziwiri m'zipinda zosiyana. Choyamba ndi mankhwala otchedwa glucosinolate, chachiwiri ndi michere yotchedwa myrosinase. Tsamba likakhala lathunthu, ziwirizi sizikumana. Koma mbozi ikaluma, kapena munthu akatafuna, zipinda zija zimasweka, ziwirizo zimasakanikirana n'kupanga mafuta owawa aja. Kwa chomera, chimenechi ndi chida chodzitetezera ku tizilombo. Kwa ife ndiko kukoma komwe timafuna mu mpiru. Tikaphika, moto umaononga michere ija, n'chifukwa chake mpiru wophika salasa m'mphuno ngati wauwisi.

Mankhwala omwewa amapezekanso m'mabanja ena apachibale, omwe onse pamodzi amapanga fuko lalikulu lotchedwa Brassicales. M'fuko limeneli muli luni, chammwamba ndi papaya. Amene anatafunapo njere ya papaya ali mwana akudziwa kuwawa komwe ndikunena.

Mpiru ndi abale ake a m'dimba

Ndiwo zambiri zomwe timagula pa msika wa Euthini kapena pa boma la Mzimba ndi za banja limeneli: mpiru, repu, kabichi, chomoliya, tchainizi ndi tanaposi. Mpiru, yemwe dzina lake la sayansi ndi Brassica juncea, anachokera ku Asia. Ku India amalimidwa kwambiri chifukwa cha mafuta a njere zake, pomwe ku China ndi kuno kwathu timafuna masamba.

Ubale wa ndiwozi unafotokozedwa bwino mu 1935 ndi katswiri wa ku Korea, Woo Jang-choon, amene ankagwira ntchito ku Japan. Iye anaonetsa kuti pali makolo atatu: Brassica rapa, komwe kumachokera tchainizi, Brassica oleracea, komwe kumachokera kabichi ndi chomoliya, ndi Brassica nigra, mpiru wa njere zakuda. Makolo amenewa atakwatirana awiriawiri anabereka mitundu itatu yatsopano. Mpiru wathu ndi mwana wa rapa ndi nigra. Repu ndi mwana wa rapa ndi oleracea. Mpiru wa ku Ethiopia, Brassica carinata, ndi mwana wa nigra ndi oleracea. Umboni wake uli pa chiwerengero cha makromozomu, timitolo tonyamula chibadwa mkati mwa maselo. Mu mungu wa rapa muli 10, wa nigra muli 8, ndipo wa mpiru wathu muli 18, kutanthauza kuti anatenga onse a mbali ziwiri.

Ngakhale mpiru ndi mbewu yolimidwa, sanaiwale moyo wa kutchire. Njere zake ndi zazing'ono ndipo zimagwa zambiri makoko akang'ambika. Kuseri kwa khitchini ya agogo, pomwe amatayira madzi otsukira mbale, chaka chilichonse pamamera mpiru yemwe palibe anamufesa. Chimodzimodzinso m'madimba osiyidwa. Mpiru wotereyu masamba ake amakhala aang'ono, amawawa kwambiri ndipo amachita maluwa msanga. Apa ndi pomwe malire a mbewu ndi udzu amasokonekera: chomera chomwecho chikakhala pabedi ndi mbewu, chikamera pakati pa anyezi a munthu wina chimazulidwa.

Luni, mbale wa kutchire

Ngati pali chomera kuno kwathu chomwe moyo wake ukufanana ndi wa hedge mustard, ndi luni. Dzina lake la sayansi ndi Cleome gynandra, ndipo mabuku ena amalemba Gynandropsis gynandra. Sali m'banja la mpiru lenileni koma m'banja loyandikana nalo kwambiri, la Cleomaceae. Kale akatswiri ankamuika m'banja lina lotchedwa Capparaceae, koma kafukufuku wa DNA anaonetsa kuti mbale wake wapafupi ndi banja la mpiru.

Luni savuta kumuzindikira. Tsamba lake limagawika ngati zala za dzanja, kawirikawiri zisanu. Tsinde lake lili ndi tiubweya tomata, ndipo mukalifikisa limatulutsa fungo lamphamvu. Duwa lake ndi loyera, nthawi zina lofiirira pang'ono, la timasamba tinayi monga la mpiru, koma tizingwe ta mungu ndi totalika kwambiri ndipo timatuluka kunja ngati ndevu za mphaka. Liwu loti gynandra linapangidwa kuchokera ku mawu awiri a Chigiriki otanthauza mkazi ndi mwamuna, chifukwa mbali yaikazi ndi yaimuna ya duwa zimakhala pa kamtengo kamodzi. Njere zake ndi zakuda, zokhakhala, zopindika ngati kachigoba ka nkhono, ndipo zimakhala m'timakoko totalika.

Luni amamera m'maiko ambiri otentha a mu Africa ndi ku Asia. Ali ndi mbale wake wa tsamba limodzi losagawika, Cleome monophylla, yemwe amameranso yekha m'minda ndipo amadyedwa, ngakhale sakondedwa ngati luni.

Pali kusiyana kumodzi kwakukulu pakati pa luni ndi mpiru. Zomera zonse zobiriwira zimapanga chakudya pogwiritsa ntchito kuwala kwa dzuwa, madzi ndi mpweya, koma njira zake ndi zosiyana. Mpiru, kabichi ndi hedge mustard amatsata njira yomwe akatswiri amaitcha C3, yomwe imayenda bwino kukakhala kozizira. Luni amatsata njira ya C4, yomwe amatsatanso chimanga, mapira ndi bonongwe. Njira imeneyi imathandiza chomera kukula msanga kukatentha, dzuwa likamaswa mtengo, ndiponso kusamala madzi. Chifukwa choti luni ndi wachibale wa kachomera kotchedwa Arabidopsis thaliana, komwe akatswiri a chibadwa cha zomera amakadziwa kuposa chomera china chilichonse, ofufuza a ku yunivesite ya Cambridge ndi kwina akhala akugwiritsa ntchito luni pofuna kumvetsa momwe njira ya C4 inayambira. Chiyembekezo chawo n'chakuti nzeru imeneyi ingadzathandize kukonza mbewu monga mpunga kuti zizibereka zambiri. Chomera chomwe ife timachiponda popita kukhola, ena amachilera m'nyumba zagalasi.

Malo ndi nyengo zake ku Euthini

Dera lathu lili pa chigwa chokwera cha Mzimba, chomwe mtsinje wa South Rukuru umadutsa. Mvula imayamba cha mu Novembala kapena Disembala n'kutha cha mu Epulo, ndipo kuyambira Meyi mpaka Julaye kumazizira kwambiri. Kusiyana kwa C3 ndi C4 komwe ndafotokoza kumaoneka bwino pa kalendala ya ndiwo. Mpiru ndi repu ndi ndiwo za m'dimba, za nyengo yozizira. Amafesedwa mvula ikatha, m'madambo momwe madzi ali pafupi, ndipo amakolola bwino kuyambira Meyi mpaka Ogasiti. Kukayamba kutentha amathamangira kuchita maluwa ndipo nsabwe za m'masamba zimawavutitsa. Luni ndi wa dzinja. Amamera ndi mvula yoyamba, ndipo pakangotha masabata anayi kapena asanu amakhala atafika pothyola.

Nthawi imeneyi ndi yofunika kuiganizira. Januwale ndi Febuluwale ndi miyezi yomwe nkhokwe zambiri zimakhala zitatha, chimanga chatsopano chisanache, madimba atamira m'madzi, ndipo ndalama zonse zitapita ku feteleza ndi fizi. Ndi nthawi yomweyi pomwe luni, bonongwe, chisoso ndi denje amakhala ambiri, osagula. Agogo amanena kuti pa njala ya mu 2002, ine ndisanabadwe, panali masiku omwe mphika wa masamba amenewa ndiwo unali chakudya chenicheni, ufa wochepa womwe unalipo n'kungosandutsidwa phala la ana.

Luni samera paliponse. Amakonda dothi lachonde, makamaka pomwe pali ndowe kapena phulusa: m'mbali mwa khola, pa dzala, pa bwinja ndi m'minda yoyandikana ndi nyumba. Kwathu kuno, komwe Angoni amalemekeza ng'ombe, khola ndi luni zimayendera limodzi. Khola likasamutsidwa, malo akalewo amadzaza luni ndi bonongwe kwa zaka zingapo. Amayi popalira sazula luni yense. Amasiya mitengo ina yamphamvu pakati pa mizere ya chimanga kuti azithyola nsonga zake, ndipo ina amaisiya kuti ibereke njere zigwere pansi. Choncho kunena kuti luni amamera yekha ndi zoona mwatheka chabe. Pali dzanja la munthu lomwe limasankha kuti uyu atsale.

Ntchito zake

Ntchito yoyamba ndi ndiwo. Pothyola luni amatenga nsonga ndi masamba anthete maluwa asanachuluke, ndipo kuthyolako kumachititsa kuti mtengo uphuke nthambi zambiri. Popeza luni amawawa, amayi ena amataya madzi oyamba, ena amamusakaniza ndi bonongwe kapena mnkhwani, ndipo ambiri amatendera ndi nsinjiro. Kumadzulo kwa Kenya amamuphika ndi mkaka pofuna kuchepetsa kuwawa komweko. Mpiru amaphikidwa ndi tomato, anyezi ndi mafuta pang'ono, kapenanso kutendera.

Masamba amenewa ali ndi zofunika m'thupi monga vitamini A, vitamini C, ayironi ndi kashiamu. Koma kaphikidwe kangathe kuononga zina mwa izo. Kuphika nthawi yaitali, kutaya madzi ndi kuthira soda kapena chidulo kumachepetsa vitamini C. N'chifukwa chake alangizi a zakudya amalimbikitsa kuphika masamba kwa nthawi yochepa, ndi madzi ochepa, ndiponso kuthirako mafuta kapena nsinjiro kuti thupi lithe kutenga vitamini A.

Ntchito yachiwiri ndi kusunga chakudya cha m'tsogolo. Masamba akachuluka m'dzinja, amayi amawafutsa: amawawiritsa pang'ono, n'kuwayanika pamphasa mpaka atauma. Mfutso umenewu kale unkasungidwa m'chikwatu, mpukutu wa masamba a msuku womangidwa ndi luzi n'kupachikidwa kudenga la khitchini. Lero ambiri amasunga m'matumba kapena m'zigubu. Mfutso umathandiza mu Okutobala ndi Novembala, madimba atauma. Umayendanso maulendo. Anthu ambiri a ku Mzimba amagwira ntchito ku South Africa, ndipo asibweni anga omwe ali ku Johannesburg akamva kuti wina akupita, chinthu choyamba chomwe amapempha ndi kathumba ka mfutso wa luni.

Zomerazi zinalembedwanso m'mabuku. Jessie Williamson, yemwe anagwira nawo ntchito ya kafukufuku wa zakudya m'dziko muno kuyambira mu 1938, anasonkhanitsa mayina ndi ntchito za zomera zambiri m'buku lomwe linatuluka m'zaka za m'ma 1950 ndi dzina loti Useful Plants of Nyasaland, ndipo linasindikizidwanso mu 1975 ndi dzina loti Useful Plants of Malawi. Zambiri zomwe zili m'bukuli zinachokera kwa amayi a m'midzi ngati agogo anga. Zitsanzo zouma za zomera za dziko lino zimasungidwa ku National Herbarium ku Zomba, ndipo mbewu zimasungidwa ku malo a kafukufuku wa zaulimi a Chitedze. Bungwe la African Orphan Crops Consortium, lomwe linakhazikitsidwa mu 2011, linaika luni pa mndandanda wa mbewu 101 za mu Africa zomwe kafukufuku anazinyalanyaza kwa nthawi yaitali.

Zomwe mayina amatiuza

Kwa ife ophunzira zinenero, mayina a ndiwozi ndi mbiri yolembedwa pa lilime. Tikawaika pamodzi amagawika pawiri. Gulu loyamba ndi la mayina obwereka. Kabichi, repu, tchainizi ndi tanaposi anachokera ku mawu a Chingerezi oti cabbage, rape, Chinese ndi turnips, ndipo chomoliya anachokera ku dzina la Chifalansa loti chou moellier. M'mayina amenewa tikuona malamulo a kabwerekedwe ka mawu m'Chichewa: makonsonanti oyandikana amalekanitsidwa ndi vawelo, ndipo liwu lililonse limathera ndi vawelo. Mayinawa akutiuza kuti ndiwozi zinafika, kapena zinafala, pa nthawi ya azungu.

Gulu lachiwiri ndi la mayina omwe alibe fungo la Chingerezi, monga mpiru ndi luni. Mpiru anachokera ku Asia, koma dzina lake lakhazikika m'Chichewa ngati la mbadwa. Omasulira Buku Lopatulika, lomwe linatuluka lathunthu mu 1922, atafika pa fanizo la kanjere kakang'ono pa Mateyu 13, sanabwereke liwu lachilendo. Anagwiritsa ntchito liwu loti mpiru, chizindikiro chakuti anthu ankalidziwa kale. Iwo anachita zomwe ine ndinalephera: anafunafuna mbale wa chomeracho yemwe owerenga ankamudziwa.

Dzina la luni nalo lili ndi abale. Ashona a ku Zimbabwe amati runi kapena nyevhe. Kusiyana kwa luni ndi runi n'kwa kalembedwe ndi katchulidwe chabe, popeza Chishona cholembedwa sichigwiritsa ntchito l, pomwe malamulo a kalembedwe ka Chichewa amati r alembedwe pambuyo pa i kapena e, monga mu mpiru, ndipo l alembedwe m'malo ena onse, monga mu luni. Ku Zambia, Abemba amati lubanga. Aswahili amati mgagani. Andebele, omwe chinenero chawo ndi chapachibale ndi Chingoni, amati ulude. Chomera chomwe chili ndi dzina m'zinenero zambiri chotere sichingakhale udzu wamba. Anthu satcha dzina chinthu chomwe alibe nacho ntchito.

Ku Euthini tikudziwa bwino momwe mawu amatayikira. Angoni anawoloka Zambezi mu 1835 motsogozedwa ndi Zwangendaba, ndipo atakhazikika ku Mzimba, chinenero chawo chinalowedwa m'malo ndi Chitumbuka pang'onopang'ono. Lero Chingoni chimamveka kwambiri m'nyimbo za ingoma, m'ziwongo ndi m'mayina a malo monga Euthini, Ekwendeni, Embangweni ndi Edingeni. Mayina a malo anatsala chifukwa malowo sasuntha ndipo anthu amawatchula tsiku ndi tsiku. Dzina la chomera lilibe mwayi umenewu. Limakhalapo pokhapokha ngati wina akuchithyola ndi kuuza mwana kuti ichi ndi chakuti.

Chomwe chikutayika

Pa tchuthi chomwecho ndinaona zinthu ziwiri zomwe zinandidetsa nkhawa. Choyamba, adada aang'ono, mng'ono wa bambo anga, anapopera mankhwala opha udzu m'munda waukulu wa banja. Sindingawadzudzule. Ana awo aamuna ali ku South Africa, aganyu ndi odula, ndipo munda wa maekala atatu sungapaliridwe ndi anthu awiri. Koma mankhwala sasiyanitsa luni ndi kaufiti kapena nsonthi monga limachitira dzanja la mayi wopalira. Chaka chimenecho m'mundamo munalibe ndiwo yothyola, ndipo agogo anawaletsa ana kuthyola ngakhale masamba a m'mphepete, poopa mankhwalawo.

Chachiwiri, ndinatenga nthambi ya luni kuseri kwa khola n'kufunsa ana asanu a pamudzi pathu, a zaka zapakati pa 8 ndi 13, kuti anditchulire dzina lake. Mmodzi yekha ndi amene anadziwa. Ena anati ndi udzu, yankho lomwe linali langa lomwe pa pepala lija. Onse asanu ankadziwa repu ndi kabichi. Uku sikunali kufufuza kwa sayansi, ndipo ana asanu si boma lonse la Mzimba, koma kunandionetsa momwe zinthu zimayendera. Chomera chikasowa m'munda, mwana sachiona. Akapanda kuchiona, saphunzira dzina lake. Akakula n'kukumana nacho, amachizula.

Palinso vuto la maganizo. Ambiri a ife tikafika m'tauni timayamba kuona ndiwo zakutchire ngati chizindikiro cha umphawi, ndipo mlendo akabwera timachita manyazi kumupatsa luni. Chodabwitsa n'chakuti m'mizinda ngati Nairobi masamba omwewa amagulitsidwa m'masitolo akuluakulu.

Agogo sanakangane ndi mwana wawo. Anangotenga njere za luni zomwe anasunga m'kabotolo chaka chathacho, n'kukazifesa pa malo pomwe panali khola lakale, pafupi ndi nyumba, pomwe mankhwala safika. Kwa zaka zonse zomwe akhala ku Euthini, aka kanali koyamba kuti afese luni ndi dzanja.

Mawu otsiriza

M'nkhani ino ndaonetsa kuti hedge mustard, mpiru ndi luni ndi zomera zapachibale, zodziwika ndi duwa la timasamba tinayi, khoko la njere ndi kuwawa kwa masamba. Ndaonetsanso kuti zimakonda malo omwe munthu wasokoneza dothi, kuti mpiru ndi luni amasinthana nyengo kotero kuti pakhomo sipasowa ndiwo, ndiponso kuti mayina awo amasunga mbiri ya anthu ndi ya zinenero.

Kwa anzanga amene tikuphunzira zinenero ndi kamasuliridwe, pempho langa ndi lakuti tikamapita kumudzi pa tchuthi tizitenga kope. Tizifunsa agogo athu dzina la chomera chilichonse chodyedwa, m'Chichewa, m'Chitumbuka, m'Chiyao, m'Chilomwe kapena m'chinenero china chilichonse, n'kulemba pomwe chimamera, mwezi womwe chimathyoledwa ndi momwe chimaphikidwira. Katswiri wa zomera angathe kusunga njere ku Chitedze, koma kusunga dzina ndi ntchito yathu.

Nditabwerera ku sukulu ndinapempha kuti ndilembenso yankho langa, ndipo aphunzitsi anavomera. Ndinalemba motere: "Chomera cha banja la mpiru chomwe chimamera chokha m'mbali mwa misewu ndi minda ku Ulaya ndi maiko ena, chili ndi maluwa aang'ono achikasu ndi timakoko tomatirira ku tsinde, masamba ake amadyedwa, ndipo kale ankachiza nacho kusasa mawu, mpiru wa kutchire." Mawu atatu omalizawo ndi a agogo.